Kanema Wakale ndi Mizinda ya ku Spain: Zimene Mafilimu Oyambirira Anasunga ndi Zimene Analephera Kusunga

Pa YouTube ndi pa Facebook pamazungulira kafilimu ka mphindi zochepa koonetsa mzinda wa Barcelona, ku Spain, monga unalili cha m'ma 1908. Kamera ili kutsogolo kwa tram, imene ndi sitima yaing'ono yamagetsi yoyenda pa njanji zoyalidwa mumsewu, ndipo woonera amamva ngati wakwera nawo. Anyamata apanjinga akudutsadutsa kutsogolo, ana akuthamangira m'mbali, akuluakulu akuima kuyang'ana chinthu chachilendocho, ndipo nyumba zosanja zokongoletsedwa kumaso zikutsalira m'mbuyo imodzi ndi imodzi. Makope ambiri amene akufalitsidwa masiku ano ali ndi mitundu yowala ndi phokoso la mumsewu, ndipo chisokonezo chagona pomwepo. Ena amakhulupirira kuti zonse akuonazo ndi mmene zinajambulidwira, pamene ena, atamva kuti kompyuta yaikapo dzanja, amaganiza kuti filimu yonseyo ndi yopeka.

Magulu onse awiri ali ndi pamene aphonya. Filimuyo ndi yeniyeni: anaijambula ndi Ricardo de Baños wa kampani ya Hispano Films, dzina lake ndi Barcelona en tranvía, ndipo tram imeneyo ikukwera msewu wa Passeig de Gràcia kulowera kumtunda kwa mzinda, pa nthawi imene nyumba yotchuka yotchedwa Casa Milà, yokonzedwa ndi katswiri wa mapulani a nyumba Antoni Gaudí, inali ikumangidwa pa msewu womwewo. Koma kamera ya de Baños sinkagwira mawu kapena mitundu. Zimenezo ndi zoonjezera za masiku ano. Kuti timvetse chifukwa chake akatswiri a mbiri ya zomangamanga amatenga mafilimu oterewa ngati umboni wa mtengo wapatali, ndiponso chifukwa chake amadandaula umboniwo ukasakanizidwa ndi zongoyerekeza, tiyenera kubwerera kumene kanema wa ku Spain anayambira.

Mawu awiri ofunika kuyamba nawo

Filimu yoonetsa zenizeni, imene pa Chingerezi amati documentary, ndi imene imajambula anthu, malo ndi zochitika zimene zilipodi, popanda ochita sewero ovala zongobwereka. Dzinali linafala m'zaka za m'ma 1920. Zaka zoyambirira, ku Spain mafilimu oterewa ankangowatchula kuti vistas, kutanthauza zooneka, chifukwa analidi zooneka chabe: kamera inkaimikidwa pamalo amodzi n'kujambula chilichonse chodutsa patsogolo pake.

Mawu achiwiri ndi cholowa, chimene Asipanishi amati patrimonio. Mawu awowo amachokera ku liwu la Chilatini lonena za chuma chimene bambo amasiyira ana, choncho akugwirizana bwino ndi mawu athu. Cholowa cha zaluso cha mumzinda ndi matchalitchi, nyumba zachifumu, milatho, zipata, nsanja, mabwalo ndi ziboliboli, komanso kayalidwe ka misewu yeniyeniyo, chifukwa tchalitchi chozunguliridwa ndi tinjira topapatiza chimaoneka mosiyana kwambiri tinjirato tikachotsedwa n'kuikapo msewu waukulu. Spain ili ndi cholowa choterechi chosanjikizana mibadwo yambiri: ngalande yamadzi ya pa zipilala imene Aroma anamanga ku Segovia, mzikiti waukulu wa ku Córdoba ndi nyumba yachifumu ya Alhambra ku Granada zochokera m'nthawi ya ulamuliro wa Asilamu, umene unayamba mu 711 n'kutheratu mu 1492, ndiponso matchalitchi aakulu a ku Burgos, León ndi Toledo.

Nsanja imene kanema anaipeza itagwa kale

Mumzinda wa Zaragoza munali nsanja yotchedwa Torre Nueva, yomangidwa ndi njerwa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1500, yotalika mamita pafupifupi 80 ndipo yopendekeka. Inali ya kamangidwe kotchedwa mudéjar, kamene kanachokera kwa amisiri achisilamu okhala pansi pa mafumu achikhristu, amene ankayala njerwa mopanga timizere ndi nyenyezi monga mmene woluka mkeka amalukira maluwa. Mu 1892 khonsolo ya mzinda inalamula kuti nsanjayo igumulidwe ponena kuti ingagwere anthu, ngakhale kuti nzika zambiri zinakana kwamtuwagalu. Lero pabwalo pamene inaima pali chiboliboli cha mnyamata wokhala pansi, nkhope itayang'ana kumwamba kumene kulibenso kanthu. Za nsanjayo kunatsala zithunzi zosayenda ndi zojambula pamanja. Filimu yake kulibe, chifukwa kanema anachedwa ndi zaka zitatu zokha.

Mu Disembala 1895 abale awiri a ku France, Auguste ndi Louis Lumière, anaonetsa zithunzi zoyenda kwa anthu olipira mumzinda wa Paris, ndipo pofika mu Meyi 1896 makina awo anali akuonetsedwa ku Madrid. Makinawo anali bokosi lamatabwa loti munthu n'kunyamula yekha, loyendetsedwa popukusa chogwirira ndi dzanja, ndipo ankagwira ntchito zitatu: kujambula, kusindikiza makope ndi kuonetsa pakhoma. Mpukutu umodzi wa filimu unali wa mamita pafupifupi 17 ndipo unkatha mphindi imodzi isanakwane. Chaka chomwecho wojambula wa kampaniyo, Alexandre Promio, anajambula doko la Barcelona, bwalo la Puerta del Sol ndi chipata cha Puerta de Toledo ku Madrid. Promio ankangofuna zinthu zachilendo zokagulitsa kwa oonera a m'mayiko ena, koma zotsatira zake n'zakuti lero tingathe kuona pakati pa Madrid ngolo zokokedwa ndi nyama zili piringupiringu, magalimoto asanalande misewu.

Asipanishi eniake sanachedwe kutsatira. Ku Zaragoza komweko Eduardo Jimeno anajambula anthu akutuluka Misa ya 12 koloko pa tchalitchi chachikulu cha El Pilar. Kwa zaka zambiri filimuyi inkatengedwa ngati yoyamba kujambulidwa ndi nzika ya Spain ndipo ankati ndi ya 1896, koma ofufuza a m'zaka zaposachedwa anapeza umboni woloza ku 1899. Ku Barcelona, Fructuós Gelabert anajambula mu 1897 antchito akuweruka pa fakitale ya nsalu ya La España Industrial ndi akhristu akutuluka m'tchalitchi cha m'dera la Sants.

Chifukwa chake kamera inkakonda pakhomo pa tchalitchi

Aliyense amene anaonapo anthu akuthamangira kukadziona pa chithunzi cha paukwati amvetsa malonda amene ojambula oyambirirawa ankachita. Ankajambula khamu la anthu masana n'kulengeza kuti filimuyo ionetsedwa posachedwa, podziwa kuti aliyense amene anadutsa patsogolo pa kamera adzalipira kuti adzione yekha, ndipo adzabwera ndi abale ake. Malo amene khamu linkapezeka mosakayikitsa anali pakhomo pa tchalitchi, pa chipata cha fakitale, pa siteshoni ndi pabwalo lalikulu. Malo omwewo ndiwo anali ndi zomanga zofunika kwambiri za mzinda. Motero zitseko zosemedwa, zipilala ndi makonde zinalowa m'mafilimu ngati mlendo wobwera ndi mnzake, kumbuyo kwa anthu amene anali eni ake a chithunzi.

Patapita zaka khumi ndi zingapo, nyumbazo zinayamba kujambulidwa mwadala. Makampani aakulu a ku France, makamaka Pathé, ankagulitsa padziko lonse mafilimu afupiafupi a maulendo, ndipo mmodzi wa amisiri awo aluso kwambiri anali Segundo de Chomón, wobadwira ku Teruel mu 1871. Cha m'ma 1911 ndi 1912 iye anajambula mizinda monga Burgos, Toledo, Girona ndi Barcelona, kusankha bwino poimika kamera kuti nsanja, mlatho kapena mtsinje zioneke mwadongosolo. Popeza makope a Pathé ankatumizidwa kutali, mafilimu ambiri a mtundu umenewu anapulumukira m'nkhokwe zosungira mafilimu za mayiko ena ngakhale pamene ku Spain komweko anali atatayika.

Mizinda ikugumulidwa, zaluso zikugulitsidwa

Zaka zomwezi zinali za chigumula m'mizinda ikuluikulu. Mu 1908 Barcelona inayamba kuboola msewu wa Via Laietana pakati pa dera lakale, ndipo tinjira ndi nyumba za zaka mazanamazana zinasalazidwa. Nyumba zochepa zinapulumuka mwa kuphwasulidwa mwala ndi mwala, monga Casa Padellàs, imene inakamangidwanso pa bwalo la Plaça del Rei. Ku Madrid, mu Epulo 1910, Mfumu Alfonso XIII inatsegulira ntchito yomanga msewu wa Gran Vía, imene inadya nyumba pafupifupi 300. Mu Julayi 1909, pa sabata ya zipolowe imene imatchedwa Semana Trágica, matchalitchi ndi nyumba za ansembe ndi masisitere zambirimbiri zinatenthedwa ku Barcelona, ndipo wojambula Josep Gaspar anatuluka ndi kamera kukajambula zotsalira zake.

Zimene sizinagumulidwe zinkatha kugulitsidwa. Ku Zaragoza, nyumba ya Casa Zaporta itagumulidwa mu 1903, bwalo lake lamkati lokhala ndi zipilala zosemedwa, lotchedwa Patio de la Infanta, linagulidwa ndi wamalonda wa zinthu zakale wa ku Paris, ndipo linabwerera kwawo mu 1958. Mpanda wachitsulo wosulidwa mwaluso wa m'tchalitchi chachikulu cha Valladolid unagulitsidwa mu 1929 kwa mpondamatiki wa ku America, William Randolph Hearst, ndipo lero uli ku Metropolitan Museum mumzinda wa New York.

Boma linayankha m'njira ziwiri zimene zinkayendera limodzi. Njira yoyamba inali ya malamulo: lamulo la 1926 loteteza chuma cha zaluso, ndime 45 ya malamulo oyendetsera dziko a 1931, imene inaika chuma chonse cha zaluso ndi cha mbiri pansi pa chitetezo cha boma mosayang'ana mwini wake, ndi lamulo lalikulu la cholowa la mu Meyi 1933. Njira yachiwiri inali yokopa alendo. Mu 1911 kunakhazikitsidwa ofesi yachifumu yoona zokopa alendo, ndipo mu 1928 inalowedwa m'malo ndi bungwe la Patronato Nacional del Turismo, pokonzekera zionetsero zazikulu za mayiko zimene zinachitika ku Sevilla ndi ku Barcelona mu 1929. Kanema anakhala chida choonetsera dziko kwa alendo, ndipo ojambula monga Leopoldo Alonso, amene anajambula mzinda wa Salamanca mu 1929, anayamba kupanga mafilimu oyenda nyumba ndi nyumba, bwalo ndi bwalo, monga mmene wolondolera alendo amachitira.

Mu 1931 kunayambanso ntchito ina ya cholinga chosiyana, yotchedwa Misiones Pedagógicas. Aphunzitsi ndi achinyamata ophunzira ankapita kumidzi yakutali atanyamula mabuku, galamafoni, makina oonetsera kanema ndi makope a zithunzi zopenta za ku Museo del Prado, nyumba yaikulu yosungira zaluso ku Madrid, nthawi zina pamsana pa abulu, kuti mlimi amene sadzafika ku Madrid aone zimene malamulo ankati ndi zakenso. Mmodzi wa ojambula a ntchitoyi anali José Val del Omar wa ku Granada, amene mu 1935 anapanga Vibración de Granada, filimu yoyang'ana mzinda wakwawo kudzera m'madzi, kuwala ndi mithunzi. Mafilimu ambiri amene anajambulira Misiones anasowa. Kwa ine, apa ndi pamene lingaliro la kusunga cholowa linakhwima, chifukwa panali kuvomereza kuti chinthu chimene eni ake sanachionepo n'chovuta kuti achiteteze.

Zimene filimu imasunga

Tiyenera kunena mosabisa kuti filimu siletsa khoma kugwa. Chimene imasunga ndi umboni wa mmene chinthu chinalili pa tsiku linalake, ndipo kwa mmisiri wofuna kumanganso nyumba yoonongeka, pulani yokhala ndi miyezo ndi chithunzi chosayenda chojambulidwa pa galasi lalikulu zimapereka tsatanetsatane woposa wa filimu ya mamilimita 35. Mphamvu ya filimu ili pa zinthu zimene pulani singaonetse. Munthu akadutsa pansi pa chipata timadziwa kukula kwa chipatacho poyerekeza ndi thupi lake. Kamera ikayenda mumsewu timaona nyumba zonse motsatana, zotchuka ndi zosatchuka zomwe, kuphatikizapo timasitolo ndi zikwangwani zimene wojambula zithunzi sakanataya nazo nthawi. Timaonanso mmene malo ankagwiritsidwira ntchito: pamene amayi ankagulitsira malonda, khomo limene anthu ankalowera, njira imene mdipiti wa chikondwerero unkadzera, mbali ya bwalo imene anthu ankathawira dzuwa.

Umboniwu umathandizanso kusiyanitsa chakale chenicheni ndi chongooneka chakale, ndipo Barcelona ndi chitsanzo chabwino. Alendo ambiri amene amajambulitsa pansi pa kamlatho kokongola kolumikiza nyumba ziwiri pa msewu wa Carrer del Bisbe amaganiza kuti kali ndi zaka 600, pamene kanamangidwa mu 1928. Kumaso kwa tchalitchi chachikulu cha mzindawo nakonso kunamangidwa chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800, ndipo nsanja yake yapakati inamalizidwa mu 1913. Chojambulidwa chilichonse cha zaka izi zisanafike chimaonetsa malowo alibe zimenezi. Ofufuza amagwiritsa ntchito mfundo yomweyi mobwerera: akapeza filimu yopanda deti, amayang'ana nyumba imene ili pakati pomangidwa, mtundu wa tram, mayina a masitolo ndi kutalika kwa mithunzi, mpaka atapeza chaka ngakhalenso nyengo imene inajambulidwa.

Zimene kamera sinkatha kuona

Malire a umboniwu ndi ofunika kuwadziwa mofanana ndi mphamvu zake. Filimu ya nthawi imeneyo inkafuna kuwala kwambiri, choncho ojambula ankagwira ntchito panja, dzuwa lili phwee. M'kati mwa matchalitchi munali mdima, ndipo nyali zamphamvu zinali zodula ndi zovuta kunyamula. Chomvetsa chisoni n'chakuti zimene zinadzapsa pambuyo pake zinali makamaka zam'kati: maguwa osemedwa ndi kukutidwa ndi golide, mipando ya oimba, zithunzi zopenta ndi ziboliboli zamatabwa. Kamera inasunga makoma amene kawirikawiri anapulumuka, n'kulephera kulowa kumene moto unadzalusa kwambiri.

Chachiwiri, filimu yoyambirira sinkamva mitundu yonse mofanana. Inkagwira kwambiri mtundu wa buluu koma yofiira sinkaigwira bwino, motero thambo linkatuluka loyera mbee pamene njerwa zofiira zinkatuluka zoderako kuposa mmene diso likanazionera. Munthu wosadziwa zimenezi angaganize kuti khoma linali lakuda ndi mwaye pamene linali lofiira bwinobwino. Chachitatu, popeza kamera inkapukusidwa ndi dzanja, inkajambula zithunzi pafupifupi 16 mpaka 18 pa sekondi imodzi, pamene makina a kanema wa mawu amaonetsa 24. Filimu yakale ikaonetsedwa pa liwiro latsopanoli anthu amaoneka akuyenda mothamanga ngati nyerere, ndipo ulemu wa malowo umasokonekera.

Malire otsiriza ali mwa wojambulayo. Filimu yokopa alendo inkasankha Alhambra, nsanja ya Giralda ku Sevilla ndi misewu yokongola ya Toledo, n'kusiya madera a anthu osauka ndi nyumba zimene zinali zikugwa chifukwa chosasamalidwa. Akatswiri ena amati mafilimu amenewa anathandiza kuti anthu azinyadira cholowa chawo, pamene ena amati anapanga chithunzi cha Spain yongoyenera alendo. Umboni ulipo kumbali zonse ziwiri.

Moto, mabomba ndi kamera za mbali ziwiri

Zaka za m'ma 1930 zinasandutsa mafilimu wamba a maulendo kukhala mboni za zinthu zimene kulibenso. Mu Okutobala 1934, pa kuukira kwa m'chigawo cha Asturias, kachipinda kopatulika ka Cámara Santa ka m'tchalitchi chachikulu cha Oviedo kanaphulitsidwa ndipo yunivesite ya mzindawo inapsa pamodzi ndi laibulale yake. Nkhondo yapachiweniweni itayamba mu Julayi 1936, tchalitchi cha Santa Maria del Mar ku Barcelona chinayaka masiku 11, ndipo m'kati mwake mopanda zokongoletsa mmene alendo amasirira lero ndi chipsera cha moto umenewo. Chipinda chimene Gaudí ankagwiriramo ntchito pa tchalitchi cha Sagrada Família chimene ankamanga ku Barcelona chinatenthedwa, mapulani anapsa ndipo zitsanzo zake za pulasitala zinaphwanyidwa. Linga la Alcázar ku Toledo linasanduka bwinja, ndipo mu Novembala 1936 mabomba a ndege anatentha nyumba ya Palacio de Liria ku Madrid n'kugweranso pa Museo del Prado, moti zithunzi zopenta zamtengo wapatali zinasamutsidwira ku Valencia, kenako ku Catalonia, mpaka ku Geneva, ku Switzerland, mu Febuluwale 1939.

Mbali zonse ziwiri zinajambula mabwinjawa, ndipo iliyonse inkaonetsa zimene inzake inaononga. A mbali ya kazembe wa asilikali Francisco Franco, amene anaukira boma, ankaonetsa matchalitchi otenthedwa, a boma la Republic limene linaukiridwalo ankaonetsa nyumba zogwetsedwa ndi mabomba, ndipo nthawi zina zochitika zinkabwerezedwa dala kuti kamera zijambule, monga zinachitikira pa ulendo wa Franco ku mabwinja a Alcázar. Wofufuza amagwiritsabe ntchito mafilimuwa kuti aone kukula kwa chionongeko, koma amayamba wadziwa amene anawalipirira. Nkhondo itatha kunabweranso tsoka lina: mu Febuluwale 1941 moto wokolezedwa ndi mphepo yamphamvu unanyeketsa dera lakale la mzinda wa Santander, nyumba pafupifupi 400, n'kusiya anthu pafupifupi 10,000 alibe pogona. Deralo linamangidwanso ndi misewu ina, motero chojambulidwa chilichonse cha Santander wakale ndi chokhacho chimene chingamuyendetse munthu m'misewu imeneyo.

Chosungira chofooka kuposa chosungidwa

Vuto lalikulu pa nkhani yonseyi n'lakuti filimu ndi yosalimba kuposa mwala umene inajambula. Kufikira cha m'ma 1950, mafilimu a m'nyumba za kanema ankapangidwa ndi pulasitiki yotchedwa nitrate, imene ndi pachibale ndi onga wamfuti. Ikagwira moto imadzipangira yokha mpweya woyakira, moti ngakhale kuiviika m'madzi siizima. Ikakalamba imayamba kununkha, kumata ngati uchi, kuchita thovu, mpaka kusanduka fumbi lofiirira, ndipo mpweya wotuluka m'chitini chimodzi chowola umafulumizitsa kuola kwa zitini zoyandikana nacho, monga mmene anankafumbwe a m'thumba limodzi amalowera nkhokwe yonse. Pamwamba pa izi, eni mafilimu ankawaona ngati katundu wotha ntchito akangosiya kubweretsa ndalama, ndipo kanema wa mawu atafika cha m'ma 1930 mipukutu yambiri yopanda mawu inasungunulidwa pofuna siliva wa m'menemo. Mu Ogasiti 1945 moto unabuka pa labotale ya Riera ku Madrid, kumene kunkasungidwa mafilimu ochuluka a nthawi ya nkhondo, ndipo ambiri anathera pomwepo. Akatswiri amayerekeza kuti mwa mafilimu khumi aliwonse opanda mawu a ku Spain, pafupifupi asanu ndi anayi anatayika. Madzi akatayika saoleka.

Nkhokwe ya dziko yosungira mafilimu, imene Asipanishi amati filmoteca, inakhazikitsidwa mu 1953, patatha zaka zoposa 50 chiyambire kanema m'dzikolo, ndipo lero imatchedwa Filmoteca Española. Pambuyo pake zigawo monga Catalonia, Basque, Valencia, Andalucía, Galicia ndi Castilla y León zinatsegula nkhokwe zawo. Mu 1980 bungwe la UNESCO linavomereza mfundo zolimbikitsa mayiko kuteteza zithunzi zoyenda, ndipo n'chifukwa chake pa 27 Okutobala chaka chilichonse dziko limakumbukira cholowa cha zomvera ndi zoonera. Lamulo la cholowa la Spain la 1985 linawerengera mafilimu pakati pa zinthu zoyenera kutetezedwa, kutanthauza kuti chimene chinayamba ngati chida chojambulira cholowa chinavomerezedwa kukhala cholowa pachokha.

Ntchito ya m'nkhokwezi ndi ya odekha, monga akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Chitini chikafika, katswiri wovala magolovesi amafunyulula mpukutuwo pang'onopang'ono pa tebulo lowala kunsi, akuyang'ana m'mphepete mwa filimu mmene opanga ankasindikiza dzina la kampani ndipo nthawi zina tizizindikiro toonetsa chaka. Amamata timabowo tong'ambika ta m'mbali, amatsuka fumbi, kenako makina amajambula chithunzi chimodzichimodzi kulowetsa mu kompyuta. Filimu imodzi ingalumikizidwe kuchokera ku zidutswa zopezeka m'mayiko awiri kapena atatu. Mpukutu weniweniwo sutayidwa: umaikidwa m'chipinda chozizira ndi chouma, ndipo wa nitrate umakhala kwaokha, kutali ndi ena.

Mkangano wa mitundu ya kompyuta

Tsopano tingabwerere ku kafilimu ka tram. Mapulogalamu a AI, amene ndi makompyuta ophunzitsidwa ndi zithunzi zochuluka kuti azitha kuyerekeza zimene zikusowa, amachita zinthu zitatu pa filimu yakale: amapaka mitundu, amapeka zithunzi zatsopano pakati pa zenizeni kuti kayendedwe kasalale, ndipo amanola nkhope ndi makoma kuti zioneke bwino. Pa zonsezi kompyuta imalosera. Singadziwe ngati chitseko chinali chobiriwira kapena chofiirira, ndipo ponola khoma ingaikepo mizere ya njerwa imene kunalibe.

Oikira kumbuyo mchitidwewu amati makope amitundu akopa anthu mamiliyoni amene sakanaonera filimu yakuda ndi yoyera, ndipo amakumbutsa kuti kupaka mitundu n'kwakale ngati kanema yemwe, pakuti Chomón mwini anali ndi malo opakira mafilimu utoto pamanja ku Barcelona kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900. Osunga mafilimu amayankha kuti utoto wa nthawi imeneyo ndi mbali ya mbiri ya filimuyo, chifukwa ndi umene oonera oyambirira anaona, pamene wa lero ndi chophimba chatsopano chimene chimafala mofulumira kuposa choyambirira ndipo kawirikawiri sichilembedwa kuti chasinthidwa. Pamene mbali ziwirizi zimayandikana ndi pa mfundo yoti kope losinthidwa lizinena poyera zimene lasintha ndi nkhokwe imene filimuyo yachokera.

Kusaka mafilimu otayika nako kukupitirira, ndipo kwatembenukira kumakomo a anthu wamba. Kuyambira mu 1922 kampani ya Pathé inayamba kugulitsa filimu yaing'ono ya mamilimita 9.5 yogwiritsa ntchito pakhomo, ndipo mu 1923 Kodak inatulutsa ya mamilimita 16. Mitundu iwiriyi inkapangidwa ndi acetate, pulasitiki yosayaka msanga, choncho mipukutu yambiri inakhala zaka makumimakumi m'makabati ndi m'masutikesi, ngakhale kuti nayo ikalowa chinyezi imayamba kununkha ngati viniga ndi kukwinyika. Nkhokwe za m'zigawo zimapempha mabanja kubweretsa mipukutu yotereyi, kuisamutsira mu kompyuta ndi kubwezera eni ake kope. Bambo amene ankajambula mwana wake akuphunzira kuyenda pakhonde, kapena mkwatibwi akutuluka m'katchalitchi ka m'dera lawo, anajambulanso kumbuyo kwawo zitseko, akasupe ndi tinjira ta m'madera amene ojambula okopa alendo sankafikako.